Galimoto ya Mkaka Yozima Dzuwa Likakwera

Sukulu ndinasiyira giredi naini. Sikunali maliro, sikunali matenda, ndinangolephera mayeso basi, ndipo anthu a kwathu sanalole kuti ndiiwale. Atate ankafuna ndigwire pulawo. Ine ndinathawira ku Lusaka, kumene ndinasesa miyezi ingapo m'garaja ya zamagetsi a galimoto mpaka mwini wake anandichotsa chifukwa cha pakamwa panga. Ndi mmene ndinapezekera ku Chongwe, kuseri kwa msika, kwa amalume, mlongo wawo wa amayi, amene ankakonzera magalimoto pansi pa mtengo wa mango.

Amalume anali makanika weniweni, zimenezo sindingakane. Kabureta ankaimasula, kuitsuka m'mbale ya petulo, kuimanganso akucheza ndi munthu, osayang'ana n'komwe. Injini ankaimva ndi khutu. Ine ntchito yanga inali kutsuka maboti, kupopa matayala ndi kukalipiridwa.

Koma zaka zimenezo, chakumapeto kwa ma 1990, kunayamba kufika magalimoto ogwiritsidwa kale ntchito ochokera ku Japan, opanda kabureta. Ukatsegula boneti unkangoona mawaya, ndipo pansi pa dashibodi panali kabokosi ka kompyuta kolamulira petulo ndi moto wa mapulagi. Amalume ankawatcha motoka za mawaya, ndipo ankadana nawo ngati njoka.

Imodzi mwa izo inali ya amdala ena ochokera kum'mawa, opuma pantchito, amene anali ndi ng'ombe za mkaka cha ku Palabana. M'mawa uliwonse ankabweretsa mkaka m'zigubu kwa ogulitsa tiyi pa boma. Pobwera, galimoto inkayenda bwinobwino. Pobwerera, dzuwa litakwera, inkayamba kunjenjemera, kagetsi kachikasu ka chithunzi cha injini n'kuyaka pa dashibodi, kenaka zii. Pakapita nthawi inkalira, n'kufika kunyumba ngati palibe chachitika.

Milungu itatu amalume analimbana nayo. Anasintha mapulagi. Anapemerera m'paipi ya petulo mpaka maso kufiira. Anaika pampu ina ya m'galimoto yakufa. Tsiku lililonse amdala ankabwera ndi nkhope yomweyo.

"Yazimanso, a makanika. Pa malo ya dzulo, pamene paja."

Ine ndinali ndi kanga kamene ndinkadziwa. Ku Lusaka kuja ndinaona wazamagetsi akutsegula kachivundikiro pafupi ndi injini, n'kulumikiza timabowo tiwiri ndi kawaya kafupi. Akatembenuza kiyi osaliza injini, kagetsi kachikasu kaja kankaphethira, ndipo ukawerenga kuphethirako unkapeza nambala ya chimene chavuta. Kompyuta imasunga yokha. Manambalawo ndi matanthauzo ake ndinawakopera kumbuyo kwa kope langa la masamu, ndipo tsamba lomwelo ndi lokhalo m'kopemo limene linandithandizapo.

Ndinapempha amalume kuti ndiyese. Anali atangochotsa waya wa batire kuti asinthe sefa, monga ankachitira poyamba ntchito iliyonse. Atabwezera anati, "Yesa, tione ufiti wa ku Lusaka."

Pa garaja pankakhala amuna atatu kapena anayi osewera nsolo tsiku lonse. Onse anaimirira kudzaona. Ndinalowetsa kawaya, ndinatembenuza kiyi. Kagetsi kanayamba kuphethira mofanana, phethi phethi phethi, osapumira. M'kope mwanga zimenezo zinkatanthauza kuti palibe vuto losungidwa.

"Yakamba chani?" anafunsa amalume.

Ndikanakhala wochenjera ndikananama. "Ikamba kuti ilibe vuto."

Anaseka mpaka kugwira tayala. "Mwamva, anthu inu? Motoka yafa katatu sabata ino, koma dokotala wa giredi naini ati ili bwino. Amdala, yendani, mwapola!"

Wa nsolo wina anati mwina galimoto ikuyankha Chijapani ndipo ine ndikumva Chisoli, chiyankhulo cha ku Chongwe. Ndinazula kawaya n'kukaponya m'thumba. Mawa lake ndinayesanso mobisa, amalume ali kumsika, koma kagetsi kanandiuza zomwezo.

Lachitatu amalume anabwera ndi kabureta yakale atakulunga m'saka. Anati Loweruka azula mawaya onse a galimoto ya mkaka, ataye kabokosi, aikemo chinthu chimene munthu angachimve. Kenaka ananditembenukira.

"Na iwe, atate ako atuma mawu. Mvula ili pafupi, ng'ombe zilibe ogwira pulawo. Pa Sondo ukwera."

"Bamalume, ine sinifuna munda."

"Nanga pano uchita chani? Pano udya chabe. Olo sipanala teni na thwelofu ukali kusokoneza."

Zimenezo zinali zabodza. Kumudzi ndinkakudziwa. Ukabwerera uko ndi chikwama, aliyense pa chitsime amadziwa kuti sukulu inakukana, Lusaka inakukana, tsopano amalume ako akukananso. Kuchokanso kachiwiri sikophweka. Anzanga awiri anabwerera kuti akangolima chaka chimodzi, ndipo mpaka lero ali komweko.

Masana amenewo sindinakhale pansi. Kunali kotentha kwa Okutobala, nyenje zikulira m'mutu. Ndinapita kumsewu waukulu kukayang'ana maminibasi a ku Lusaka, ndinabwerera, ndinatsuka maboti otsukatsuka kale, ndinapitanso kumsewu. Ndinatsegula kope kakhumi. Mwina ndinakopera molakwa. Mwina wazamagetsi uja ankandipusitsa. Mwina ndinedi chitsiru chimene ankanena, ndipo mfundo imeneyo ndi imene inkandiyendetsa uku ndi uku.

Lachinayi m'mawa amdala anaima pa garaja atatsitsa mkaka. Ndinalowa m'galimoto kuti ndiisunthire pa mthunzi, ndipo maso anga anagwera pa kawotchi ka pa dashibodi. Dzulo lake ndinali nditakakonza ndekha chifukwa chosowa chochita. Tsopano kankaonetsa nthawi yolakwika ndi maola ambiri. Ndinatsegula boneti. Waya wa batire unali wosamanga, woti n'kuupotoza ndi zala, ndipo mutu wa batire unkawala ngati supuni yatsopano.

"Tate, batire ili mumalichotsa?"

"Tsiku na tsiku," anayankha monyada. "Ligona m'nyumba. Madzulo tiwonera nkhani pa TV, ndiponso akawalala a ku Palabana, akuba aja, suwadziwa iwe."

"Nanga motoka ikazima pa njira, mumachita chani?"

Anatulutsa kampeni m'thumba la jekete. "Nichotsa waya, nipala mutu wa batire bwinobwino, nibwezera. Nikapuma pang'ono, yalira. Ndiye mankhwala yake. Popanda ine kupala sembe nigona m'thengo."

Wazamagetsi wa ku Lusaka ananenapo kamodzi, akukalipira munthu wina, kuti ukachotsa batire kabokosi kamaiwala zonse. Ndiye galimoto inkazima, kompyuta n'kusunga nambala, amdala n'kuifufuta ndi kampeni pomwepo. Ikatsalako, TV inkamaliza madzulo. Ikafika kwa ife, amalume ankayamba ndi kuchotsa waya womwewo. Anthu awiri akuluakulu ankatseka galimoto pakamwa katatu pa tsiku, n'kumaseka ine kuti siyankhula.

Ndinathamangira kwa amalume, amene anali pansi pa lole.

"Bamalume, napeza chifukwa chake nambala sioneka."

"Nipase sipanala fotini."

"Mverani, ni batire. Mukachotsa..."

"Nati fotini, iwe. Za nambala ukauze ng'ombe za atate ako."

Ndinawapatsa fotini. Kenaka ndinapempha amdala kuti mawa ndikwere nawo pobwerera ku Palabana, ndione ndekha mmene imazimira. Anavomera, mwina poganiza kuti apeza wokankha. Amalume anangoti, "Yenda. Uyambe kuzolowera fungo la ndowe."

Lachisanu tinanyamuka pa boma dzuwa litayamba kuluma. Amdala ankayendetsa pang'onopang'ono, manja onse awiri pa chiwongolero, akung'ung'udza nyimbo ya kutchalitchi. Zigubu zopanda kanthu zinkagundana kumbuyo. Ine ndinali ndi kope pa miyendo, kawaya m'dzanja, maso pa kagetsi. Sindinapempherepo kuti galimoto ife, koma tsiku limenelo ndinapemphera. Tinayenda msewu wonse wa tala ili bwinobwino. Ndinayamba kutukwana chamumtima. Ikapanda kuzima lero, mawa amalume azula mawaya, mkuja ine ndili pa minibasi.

"Uli na nsikidzi m'buluku?" anafunsa amdala. "Khala bwino, unigwedezera motoka."

Titapatuka kulowa msewu wafumbi, tinadutsa minda yotentha ndi mipanda ya waya. Pa kachitunda kena injini inatsokomola. Inagwira, inatsokomolanso, kagetsi kanayaka, ndipo tinatsetsereka mwakachetechete mpaka kuima pambali.

"Waona?" anatero amdala, ngati akundionetsa mwana wawo.

Ndisanatsegule n'komwe chitseko changa, chimene chinkavuta, iwo anali atatuluka kale, boneti ili m'mwamba, kampeni kali kotsegula. Ndinatulukira pa windo. Pamene ndinkafika, zala zawo zinali pa waya wa batire.

"Osagwira!"

Sanamve, kapena anamva koma sanaone chifukwa chomverera. Anayamba kupotoza. Ndinawagwira pa mkono n'kukoka, mwamphamvu kuposa mmene ndinkafunira. Kampeni kanagwa m'fumbi. Amdala anadzandira n'kutsamira galimoto.

"Siya dzanja langa, mwana iwe."

Pamsewupo pankadutsa amayi awiri osenza nkhuni ndi bambo wina pa njinga. Onse anaima.

"Ndiwe mwana wa ndani iwe, wogwira akulu ngati ugwira mbuzi?"

Apa m'pamene ndikanapepesa, n'kufotokoza bwino. Koma kusekedwa kwa masiku aja kunali kusanandichoke. Ndinati, "Mwapala masabata yatatu, mwapoletsa chani? Ndimwe muononga zonse na kampeni kanu. Nkhalani pansi apo, musagwire kanthu."

Mayi mmodzi anagwira pakamwa. Amdala anawerama, anatola kampeni, anakapukuta pa buluku, n'kupita kukakhala pa muzu wa mtengo chapatali, atandifulatira.

Ndinalowetsa kawaya m'timabowo tija. Ndinatembenuza kiyi. Kagetsi kanaphethira kamodzi, kanapuma, kanaphethira kawiri, n'kukhala chete nthawi yotalikirapo. Kenaka kanabwereza chimodzimodzi. Ndinawerenga katatu ndi chala pa chiwongolero kuti ndisadzinamize. Wani na thuu, thwelofu. Ndinatsegula kope. Pa nambala imeneyo ndinali nditalemba ndi bolopeni yofiira kuti kompyuta sikulandira uthenga wochokera ku sensa ya kamshafti.

Kamshafti ndi mtanda wachitsulo umene umazungulira pamwamba pa injini, kutsegula ndi kutseka mavalavu. Sensa yake ndi kanthu kakang'ono kamene kamauza kompyuta pamene mtandawo wafika, kuti idziwe nthawi yothira petulo ndi yoyatsa moto. Kakangokhala chete, kompyuta imasowa chochita.

Ndinakapeza m'mbali mwa mutu wa injini, kakuda, kotalika ngati chala chachikulu, komangidwa ndi boti imodzi. Kanali kotentha kosagwirika. Ndinatsata mawaya ake ndi chala kufuna pamene anyuka kapena kudyeka, koma anali athunthu. Pulagi yake inali yonona ndi oilo. Nditapukuta ndi malaya ndinaona mng'alu woonda ngati tsitsi pa pulasitiki yake.

Ndinayesa kuliza. Injini inazungulira koma osagwira. Ndinatenga botolo la madzi akumwa a amdala, n'kumathira pang'onopang'ono pa kasensa kokhako mpaka kanasiya kuchita nthunzi. Ndinalowa, ndinatembenuza kiyi. Inalira nthawi yomweyo.

Ndiye kupala batire sikunkachiza kanthu. Kunkangodya nthawi yoti kanthuko kazizire.

Bambo wa njinga uja anaomba m'manja. Amdala anabwera, anayang'ana batire losakhudzidwa, anayang'ana madzi akudontha. Tinafika kwawo osayankhulana. Pabwalo ndinamasula boti, ndinazula kasensa, ndinawauza kuti kena kotere kangapezeke ku Lusaka kwa ophwasula magalimoto. Analowa m'nyumba, anatuluka ndi ndalama ya ulendo ndi ya chitsulocho, n'kuika pa boneti m'malo mondipatsa m'manja.

Ku Lusaka ndinazungulira m'misasa ya zitsulo zakale thukuta lili chuchuchu. Wogulitsa woyamba anandipatsa ka pulagi ina, n'kulumbira kuti n'chimodzimodzi, ndingodula mawaya. Ndinamuuza akadule a nyumba yake. Wachiwiri sanadziwe n'komwe chimene ndanyamula. Wachitatu, mzimayi wokhala pa mulu wa magiyabokosi, anakatembenuza kamodzi n'kuloza injini ina pakona. Ndinamasula ndekha, ndinaika tiwiri pa chikhatho kufanizira mabowo ndi mano a pulagi. Tinali tofanana.

Ndinafika ku Palabana dzuwa litapendeka. Ndinapukuta bowo, ndinapaka kaoilo pa kamphira, ndinalowetsa, boti imodzi, pulagi kuti thwa. Ntchito imene inadya milungu itatu inatha msanga kuposa kumwa tiyi. Pomaliza ndinachotsa waya wa batire ndekha kuti nambala yakale ifufutike. Amdala anali chiimire pakhonde akuonerera, ndipo ndikudziwa chimene ankaganiza.

Loweruka anafika pa garaja masana enieni, mochedwa kuposa masiku onse. Amalume anali atayala kale kabureta ndi zitsulo zake pa saka, pulayala ili m'manja.

"A makanika, bwezani vinthu vanu. Nayenda nayo uku na uku kuchokera m'mawa, pa dzuwa lonse ili. Siinazime. Mnyamata wanu uyu ndiye wakonza."

A nsolo anasiya kusewera. Ine ndinayamba kumva kukoma, koma amdala anali asanamalize.

"Mutu ali nawo. Mwambo alibe. Ananigwira pa mkono pa msewu, pamaso pa azimayi, ati nkhalani pansi. Ine nili na adzukulu aakulu kupambana uyu. Motoka niziibweretsa kwa imwe, koma uyu asanikambitse."

Analowa m'galimoto n'kupita. Amalume anakulunga kabureta m'saka pang'onopang'ono, osandiyang'ana. Anandiuza nditenge kope. Tinakhala pa benchi, ndipo anandifunsa za kawaya, za kuphethira, za madzi aja, funso ndi funso, mpaka anamvetsa. Sanaseke. Sanayamikenso.

"Izi motoka zizabwera zambiri," anatero pomaliza, ngati akunena za dzombe. "Pano ungakhale. Atate ako nizakamba nawo. Koma mailo pa Sondo uyenda ku Palabana, ukagwade, ukapepese."

"Nipepese chani? Nikanawasiya sembe nambala yafufutika. Nenze bwino ine."

"Sininakufunse ngati wenze bwino. Ine sinisunga munthu ogwira akulu pa mkono. Ukapanda kuyenda uko, minibasi ya kumudzi uidziwa pamene iimilira."

Lamulungu ndinaima pa msewu waukulu ndi chikwama changa, chifukwa ndinali ndisanasankhe. Ya kumudzi inkaima mbali ino, yolowera ku Lusaka, yodutsa pa mphambano ya ku Palabana, mbali inayo. Ndinawoloka msewu umenewo kanayi. Kondakitala wina anandifunsa ngati ndikuyeza tala. Ndinkabwereza m'mutu mawu onse amene ndikanauza amdala ndi amalume, mawu abwino kwambiri, oti akanawatseka pakamwa. Ya kumudzi inadzaza n'kunyamuka ndikuiyang'ana. Ndinakwera inayo.

Amdala ndinawapeza kukhola masana, atavula jekete ya kutchalitchi, akukama. Akazi awo anali pomwepo ndi ndowa. Ndinaika chikwama pansi n'kugwada m'matope osakanikira ndowe.

"Tate, nabwera kupepesa. Ninalakwa kukugwirani na kukamba mwamene ninakambira."

Anapitiriza kukama, mkaka ukulira m'ndowa, ntchentche zikunditera m'makutu. Maondo ananyowa. Anamaliza ng'ombe imeneyo, anaimasula miyendo, anasamba m'manja, m'pamene ananditembenukira.

"Wabwera wekha olo akutuma?"

"Anituma."

Akazi awo anaseka mobisa nkhope. Amdala anapukusa mutu.

"Olo bodza yabwino sudziwa. Nyamuka. Namva."

Anandipatsa kapu ya mkaka wofunda, umene sindiukonda, ndipo ndinamwa wonse chiimire. Mpaka lero sindikuona chimene ndikanachita mosiyana pa msewu paja, pamene zala zawo zinali kale pa waya. Mawu aja ndikanawameza, mwina. Dzanja lija ayi.

Lolemba m'mawa ndinali pansi pa mango. Chapakati pa sabata kunabwera galimoto ya mphunzitsi wina, ya mawaya, kagetsi kachikasu kali koyaka. Amalume anaizungulira kamodzi manja ali kumbuyo, n'kubwerera ku lole yawo.

"Iwe," anatero ali kale pansi pake. "Yako iyo."